Sigele ndi Chinyambita Chodya Mitundu

Kalelo, miyala ikadali yofewa, kwa Mphanje kunalibe khoma losalembedwa. Akangokolola, amayi ankakumba katondo wofiira, dothi loyera ndi makande akuda, n'kujambula nsato, njiwa ndi dzuwa pa nyumba zawo. Lamulo linali limodzi: wokumba aliyense azidinda dzanja lake pamwala wapankhuti, dzenje lokumbapo dothilo, kuthokoza nthaka.

Kutatsala masiku atatu kuti namwali wina, Mwatitha, akwatiwe, anathamangira kunkhuti mtima uli kwa Dzoole, bwenzi lake. Anadzaza dengu, dzanja osadinda. Nthaka inang'ambika, ndipo munatuluka Chinyambita, chilombo cha mitu itatu. Mutu woyamba unanyambita kufiira konse m'mudzi, wachiwiri kuyera, wachitatu kuda. Tambala anatsala ali mbuu. Kenaka chinanyamula Mwatitha kuti azikachiperera dothi kuphanga kwake kuphiri.

Dzoole anachilondola ndi mkondo. Anabwerako atanyambitidwa, ali mbuu ngati phulusa, akuyetsemula.

Tsono panali Sigele, mng'ono wake wa Mwatitha. Iyeyu sankaloledwa kukhudza khoma. Yake inali mphero ndi chikho cha utomoni, kumadonthetsa pang'ono m'dothi kuti mvula isalikokolole.

"Amayi, ndikukatenga achemwali."

"Iwe? Alamu ako alephera ndi mkondo. Khala pansi upere."

"Ndipere chiyani? Zonse zatuwa."

Anamangirira chikho chija m'chiuno, ulendo. Panjira anapeza namzeze akudandaula, chisa chake chikugwa nthawi zonse. Sigele anadonthetsa utomoni m'matope ake, chisa chinagwira. Namzeze anam'patsa nthenga, ndipo atangoiluma, mtsikanayo anasanduka mbalame, n'kuwoloka mitsinje isanu dzuwa lisanakwere.

Paphanga analavula nthengayo nabwerera umunthu. Mwatitha anali atagwada pamphero, misozi ikugwera m'katondo.

"Bwerera, Sigele, chikudya."

"Achemwali, perani mwamphamvu. Ndikufuna dothi lambiri."

Chinyambita chinatuluka chikuyasamula katatu.

"Ndagi," unatero mutu wapakati.

"Gize."

"Mayi wofiira, mwana wakuda, kugona kudenga. Ukalephera, ndiwe ndiwo."

"Mwaye, mwana wa moto. Ndinaupalapo kambirimbiri. Koma pepani akuluakulu, ndifunseko nane. Mitundu yonse ija munadya, bwanji inuyo muli mbuu chonchi? Kumudzi akuti ndinu chulu choyenda."

Mitu inayang'anana.

"Chulu ndi uyu," unatero woyamba.

"Wadziona iweyo?" unayankha wachitatu.

"Musakangane. Ndikulembani nonse, mukongole mpaka mphezi ichite nsanje."

Sigele ankadziwa chimene woperera aliyense amadziwa: utomoni wa dontho umagwira mtundu, wa chikho umagwira munthu. Anakhuthula chikho chonse m'dothi, namzeze uja, yemwe anam'tsatira ndi abale ake, akubweretsa utomoni wina kukamwa. Anayamba ndi kumsana, kumata mochindikala, kenaka anati chitsamire pathanthwe. Kutsogolo analemba mizere yofiira, madontho oyera, maso ozungulira akuda. Dzanja lake linali lisanajambulepo, koma linkayenda ngati likuvina, ndipo Mwatitha analeka kulira n'kumangoyang'ana.

"Tsopano musagwedezeke mpaka muume. Woyamba kusuntha, mizere yake ipindika."

"Ine sindisuntha," unatero mutu woyamba.

"Ngakhale ine. Uyu ndiye wopupuluma."

Dzuwa linafika paliwombo. Ntchentche inatera pamphuno ya mutu wapakati, koma unangopirira. Dothi linauma gwa. Pamene chilombocho chinkati chidzuke, thanthwe linakana. Chinakoka, chinakokanso, mpaka mimba inaphulika. Kufiira, kuyera ndi kuda zinatuluka ngati mbalame, kuuluka kulowera kwa Mphanje. Pathanthwe panangotsala chithunzi cha mitu itatu, chophwatalala ngati tsamba.

Mwatitha anati athamange, koma Sigele anam'gwira mkono.

"Achemwali, mwaiwalanso?"

Anam'viika dzanja m'katondo n'kulidinda pamwala. Kunkhuti nako anakadindanso.

Kumudzi anawalandira ndi nthungululu, tambala atafiiranso. Dzoole naye anali atabwerera mwakale, kupatula khutu limodzi lomwe linatsala lotuwa moyo wake wonse. Mwatitha ankati khutulo ndiye lokongola.

Sigele, mwa chizolowezi, anapita kukagwada pamphero. Amayi ake anam'dzutsa, nam'patsa mbale ya katondo, namulozera khoma la nyumba ya akwati.

"Lemba iwe. Lero ndipera ndine."

Nthano yaumira pomwepa, ngati dothi pakhoma.