Manase ndi Mwana Wopanda Dzina

Sendera kuno, mphwanga, usaime pakhomo ngati mlendo. Ndamva kuti mkazi wako wachira, mwana wamwamuna, ndipo ukufuna kumutcha Manase chifukwa dzinalo limakoma m'kamwa. Limakomadi. Koma yamba wakhala pansi, ndikuuze njira imene linadzera pofika kuno.

Kalekale, misewu ya galimoto isanachuluke, kunali munthu dzina lake Sandalamu. Anakwatira mkazi dzina lake Namwale, nakakhala kwawo kwa mkaziyo pa chikamwini. Akuchikazi anamupatsa thengo kuti aswe mphanje. Mitengo anagwetsa, koma zitsa sanazule. Msana unamuwawa, apongozi anamutopetsa, ndipo anzake ankabwera kuchokera kuntchito ku Halale, dziko la kutali, atavala nsapato zolira.

Tsiku lina anati, "Namwale, ine ndikupita ku Halale. Ndikakugulire bulangete, chisanu chidzakupeze uli wofunda."

Namwale anali woyembekezera. Anafunsa kuti, "Nanga uyu ali m'njirayu?"

"Akabadwa usamutche dzina. Ndidzamutcha ndine."

"Mubwera liti?"

"Mvula isanagwe."

Anapita Sandalamu. Mvula inagwa. Inatha. Inagwanso.

Ku Halale anapeza ntchito pa pulazi ya fodya. Bulangete anaguladi, lofiira, la mizere yakuda m'mphepete. Koma kumeneko kumazizira, mphwanga. Anati, "Ndiyambe ndafundako ine pang'ono." Anafunda. Anafundabe. Kenaka anaona mkazi wa komweko, anagwa naye m'chikondi. Abale a mkaziyo anati, "Kuno mkazi satenga chabe, tipatseni ng'ombe." Sandalamu anagwira ntchito mpaka ng'ombe anapereka. Posakhalitsa kunabadwa mwana wamwamuna.

M'komboni ya pa pulazipo munali mlaliki, munthu wakwathu konkuno. Sandalamu anapita kwa iye nati, "Abusa, ndipatseni dzina lolemera, loti kwathu sanalimvepo."

Mlaliki anati, "Lilipo la Ahebri, anthu a dziko louma, kutali kumpoto uko. Dzinalo ndi Manase. M'chilankhulo chawo ndiye kuti wondiiwalitsa. Amene anayamba kutcha mwana dzinali anali kwa eni, ngati inu ndi ine. Mwana atamubadwira kuchilendoko, anaona kuti mavuto ake waiwala, ndi kwawo komwe waiwala."

Sandalamu anaomba m'manja. "Basi, lomwelo!"

"Mwamvetsa, a Sandalamu? Ndati ndi kwawo komwe."

"Ndamva, abusa. Thirani madzi."

Anathira madzi. Mwana anakhala Manase.

Manase anakula akunyadira dzina lake. Anzake akamufunsa, ankatukula chifuwa nati, "Ine ndine wowaiwalitsa bambo mavuto awo." Mavutowo anali ati, sanafunse. Kwawo kwa bambo ake kunali kuti, sanauzidwe. Ndi chiwongo cha mtundu wawo chomwe sanachimve.

Koma chaka ndi chaka, mvula ikayandikira, kunkabwera namzeze kudzamanga chisa pakhonde la Sandalamu. Ankatera pa mtanda n'kuyamba kuimba:

Sandalamu, Sandalamu,
kwanu mvula yagwa,
zitsa zaphuka,
mwana alibe dzina.

Manase ankafunsa, "Bambo, mbalameyi ikuti chiyani?"

"Ikulira njala. Bweretsa nsungwi."

Ankagwetsa chisa. Chaka chinacho namzeze uja wabweranso, nyimbo yomweyo. Nsungwi yomweyo.

Chaka china nyimbo inasintha:

Sandalamu, Sandalamu,
kwanu mvula yagwa,
zitsa zakhala mitengo,
mwana wagona wopanda dzina.

Tsiku limenelo Sandalamu sanaitanitse nsungwi. Analowa m'nyumba, nadzifunda bulangete kumutu dzuwa lili paliwombo. Mawa lake anadzuka, anapita ku fodya.

Zaka zinapita. Mayi a Manase anamwalira. Manase anamera ndevu. Sandalamu anakalamba, chifuwa chinamugwira. Ataona kuti zafika, anakoka dzanja la mwana wake nati, "Bulangeteli si langa. Ukapereke kwa Namwale."

"Namwale ndani, bambo?"

Sandalamu anatsegula pakamwa, koma mpweya unali utatha.

Anamuika komweko, kuseri kwa zigafa za fodya, kumene ankaika matchona onse. Sipanapite nthawi, mwini pulazi anagulitsa malo, komboni inagwetsedwa. Manase anasowa pogona. Anapinda bulangete lija, nalinyamula paphewa, ulendo kwa amalume ake, mlongo wawo wa mayi ake.

"Malume, ndabwera. Ndipatseni podulapo munda, ndimange kanyumba."

Amalume anati, "Mwana wa mlongo wanga, madzi imwa, chakudya idya, ugone mawa upite. Bambo ako anapereka ng'ombe. Kuno mwana ndi wa bambo ake. Pita kwanu."

"Kwathu n'kuti?"

"Ukanawafunsa ali moyo."

Manase anakhala pansi pa mtengo m'mbali mwa njira. Akuyang'ana kumwamba, anangoona namzeze uja. Anati, "Iwe mbalame, nsungwi ndinkabweretsa ndine, koma ndinali mwana, undikhululukire. Ndionetse kwathu."

Namzeze anati, "Kwanu sindikudziwa. Ndikudziwa kwa bambo ako. Tiye."

Anayenda. Mbalame patsogolo, Manase pambuyo. Anayenda, anayenda. Anawoloka mtsinje waukulu pa bwato la eni. Nsapato zinang'ambika, anazitaya. Mapazi anang'ambika, amenewo sakanawataya. Mpaka anafika m'mudzi mmene Sandalamu anabadwira.

Wamkulu wa banja kumeneko anali Thauzeni, mwana wa mlongo wake wa Sandalamu. Atamva nkhani yonse anaseka mpaka kugwira nthiti.

"Ha! Ndiye kuti ndiwe msuweni wanga? Bwerani mudzaone, amalume atitumizira katundu wa ku Halale! Anzawo ankabwera ndi njinga, ife atitumizira munthu wa ndevu zake."

Manase anati, "Msuweni, ndatopa. Ndipatseni podulapo munda, ndimange kanyumba. Kwa amayi andiuza kuti mwana ndi wa bambo ake."

Thauzeni anasiya kuseka. "Kumeneko n'kumeneko. Kuno mwana ndi wa mayi ake. Minda ukuionayi ndi ya ana a alongo athu. Pita kwanu."

"Koma bambo anapereka ng'ombe."

"Ife tinaona ndi mchira womwe? Ng'ombe zinadyedwa uko, iwe udzalime kuno?"

Manase anatola bulangete lija kuti azipita.

Thauzeni anati, "Ndipo maliro a amalume sitingalire mkazi wawo asanamve. Sitinamusudzule, mpaka lero ndi mkazi wa mwini. Ali kutsidya kwa dambo. Bulangete anakupatsa iwe, ukanene wekha."

Anatsogolanso namzeze. Anadutsa dambo, anafika pa kanyumba kopendekeka. Pakhonde panali mayi wokalamba, mutu mbuu, akutongola chimanga. Manase anagwada patali.

"Odi, amayi. Kodi ndinu a Namwale?"

Mayiyo sanayang'ane nkhope. Anayang'ana mapazi, anayang'ana makutu. Anati, "Makutuwo ndawadziwa. Eni ake ali kuti?"

Manase anafunyulula bulangete, naliika pansi. Linali litayera, lopyapyala ngati tsamba louma, pakati pali chiboo cholowa mutu wa munthu.

Namwale analinyamula, naliyang'ana kudzuwa. Anati, "Ndiye bulangete langa limeneli."

"Anati ndi lanu, amayi. Anatisiya."

Namwale sanalire. Anafunsa, "Iwe dzina lako ndani?"

"Manase."

"Dzina lachilendo. Anakutcha ndani?"

"Bambo."

"Iwo eni ake? Ndi pakamwa pawo?"

"Inde, amayi."

"Likutanthauza chiyani?"

Mphwanga, yankho lija Manase analizolowera kuyambira ali mwana. Linangotuluka lokha. "Ndi la Ahebri. Ndiye kuti ndinawaiwalitsa mavuto awo."

Namwale anaika chitsononkho pansi. Anati, "Dzuka. Tiye ndikakuonetse mavutowo."

Anamutengera kuthengo la mitengo italiitali. "Uwu ndi munda wa bambo ako. Zitsa anasiya zija ndi izi. Vuto loyamba."

Anadziloza pachifuwa. "Amuna anabwera kudzandifunsira, ena a ng'ombe zawo, wina wa makina osokera. Ndinkati ndine wokwatiwa, abwera mvula isanagwe. Vuto lachiwiri ndi ili ukuliona, lopanda manoli."

Kenaka anamutengera kumanda. Anaima pa kamtumbira kakang'ono, kophwa, kopanda chizindikiro.

"Uyu ndi mkulu wako. Bambo ako anati ndisamutche dzina. Amayi anga ankati, mutche mwanayu. Alongo anga ankati, mutche mwanayu. Ine ndinkati ndikamutcha ndiye kuti ndavomera kuti sabwera. Anzake ankangomuitana Uje. Uje, bweza mbuzi! Uje, gwira mpira! Ankabwera kudzandifunsa kuti, amayi, langa lifika liti? Ndinkati likubwera ndi bambo ako, lili m'bulangete. Anafika msinkhu wobusa mbuzi. Chaka china kunazizira, chifuwa chinamulowa. Pomuika, wolalikira anafunsa kuti tikuika yani. Anthu anangoyang'anana."

Manase anayang'ana kamtumbira kaja. Anakhala pansi pafumbi.

Namwale anati, "Bambo ako anali ndi dzina limodzi loti apereke. Anapereka kwa iwe."

Manase anati, "Amayi, tengani. Sindikulifunanso. Mulembe pamtumbirapa, ine ndikhale Uje."

Namwale anapukusa mutu. "Mwana wanga sanaiwalitse munthu. Iye ndiye anaiwalidwa. Dzinalo ndi lako, senza."

Maliro a Sandalamu analira. Bulangete anakwirira pambali pa Uje. Akuchimuna anamumeta Namwale imvi zake, namusudzula, nati, "Tsopano ndinu mfulu, mutha kukwatiwa." Namwale anaseka kamodzi kokha, kuseka kowawa, anthu anaweramitsa mitu.

Anthu atabalalika, Manase anagwadanso. "Amayi, ndilibe kolowera. Kwa amayi anga akuti ndine wa bambo. Kwa bambo akuti ndine wa amayi. Ndipatseni podulapo munda, ndimange kanyumba."

Namwale anati, "Dothi lino si langa ndekha, ndi la mbumba. Kukupatsa sindingathe. Koma ntchito ya bambo ako ilipo. Kazule zitsa. Pamene ndili moyo, palibe akuchotse."

Manase anatenga nkhwangwa. Anagwetsa mitengo, anakumba zitsa, chimodzichimodzi. Manja anatuluka matuza, matuza anasanduka zikang'a. Chaka ndi chaka, mvula isanagwe, ankapita kumanda kukalambula pa Uje. Ankatunga madzi a Namwale, ankamuwazira nkhuni, nyengo yachisanu ankamusonkhera moto. Namwale sanamuitanepo dzina lake. Ankangoti, "Iwe." Koma chakudya ankamugawira mbale yodzaza.

Munda unayera. Chimanga chinabereka chosaoneka n'kale. Anthu odutsa ankaima n'kumati, "Kodi dothi limeneli linali lachonde chonchi?"

Chaka chimene chitsa chomaliza chinazuka, Namwale anamwalira.

Litatha tsiku lometa, ana a ang'ono ake a Namwale anabwera. Anabwera mwaulemu, mphwanga, atavula zipewa. Anati, "A Manase, mwagwira ntchito, Mulungu akudalitseni. Koma mukudziwa mwambo. Mundawu ndi wa mbumba, ndipo mtsikana wathu wapeza mwamuna. Pitani kwanu."

Manase anawayang'ana. Tsitsi lake nalonso linali litayamba kuyera. Sanafunsenso kuti kwathu n'kuti. Anatsamiritsa khasu pakhoma, napita kumanda. Analambula pa Uje, analambula pa Namwale. Pa bulangete anaima nthawi yaitali, kenaka analambulanso pomwepo.

Atatuluka anaona namzeze pa nthambi. Anati, "Mbalame, tsopano tilowere kuti?"

Namzeze anati, "Njira ndinkadziwa ndi imodzi. Yathera pano."

Manase analowa mumsewu yekha. Ena amati anamuona akusenza matumba pa msika wina. Ena amati anabwerera ku Halale kukafuna manda a bambo ake, napeza atalimapo fodya. Zoona zake palibe akudziwa. Anthu anadya chimanga cha m'munda uja, ana anabadwa, anakula, osadziwa kuti zitsa anazula ndani. Chinatsala ndi dzina lokha. Amayi ena analimva kukoma, anayamba kutcha ana awo, osafunsa kuti linasenza zotani.

Ndiye mphwanga, dzinalo lilibe mlandu. Kuiwala mavuto n'kwabwino, tonse timafuna. Koma munthu asanati ndaiwala mavuto anga, ayambe wayang'ana ngati mavutowo alibe miyendo, ngati sakukhala pakhonde kumuyang'anira kunjira. Ndipo mwana asanamupatse dzina la kutali, ayambe wamuuza kwawo. Ukafuna kumutcha Manase mwanayo, mutche. Koma umutenge, ukamuonetse kumene unabadwira iwe, ndi kumene anabadwira mayi ake, adziwe khomo loti adzagogode ife titapita.

Nthano yanga yathera pamenepa. Mwanayo akadzakula udzamuuzeko, nayenso adzauze ake, kuti Uje ndi Manase asaiwalike kachiwiri.