Mawanga ndi Mpikisano wa M'matumba

Padangokhala, ana inu, Nkhanga wina amene adali ndi mwana mmodzi yekha, dzina lake Mawanga. Mwanayo adaduka mwendo pamsampha akadali wakhanda, ndiye ankayenda chodumpha. Mayi ake ankamuopera chilichonse: minga, matope, ngakhale phwete la anzake.

Tsiku la masewera kusukulu ya mbalame litakwana, Nkhanga adati, "Lero usapite. Ukakagwa, bwalo lonse likakuseka."

"Amayi, chaka chatha ndidangokhala pansi pa mtengo kulondera mabuku a anzanga. Chaka chinonso?"

Nkhanga adagonja. Adamuperekeza, mtima uli m'mwamba.

Pabwalo, aphunzitsi a Kakowa adatulutsa matumba a chimanga. "Mpikisano wa m'matumba! Ofuna abwere!"

Mawanga adakaima pamzere. Nthiwatiwa, katswiri wa liwiro pasukulupo, adaseka chikhakhali. "Iwe Kamwendo, thumba lako alidule pakati. Theka likukwana!"

Nkhanga adathamangira kwa a Kakowa. "Aphunzitsi, chonde muchotseni. Avulala ameneyu."

"Mayi a Mawanga, mwana walowa kale m'thumba. Kamutulutseni nokha."

Nkhanga adayang'ana mwana wake atapana thumba ndi mapiko, maso ali kutsogolo. Kenaka adabwerera m'mbuyo.

Wezulo idalira. Nthiwatiwa adati aponye mwendo monga mwa masiku onse, thumba lidakana, khu! pansi. Nkhwali adayesa, khu! Tambala, khu! pamwamba pa Nkhwali. Onsewo adazolowera kusinthanitsa miyendo. Koma kwa Mawanga kudumpha ndiko kudali kuyenda: kudambo chodumpha, kusukulu chodumpha. Ana oonerera adayamba kuimba:

Dumpha Mawanga, dumpha!
Bwalo n'lako, dumpha!

Atatsala pang'ono kufika pachingwe chomalizira mpikisano, thumba lidakola pachitsa. Mawanga khu!

"Mwana wanga!" adakuwa Nkhanga. Mapiko adatambasuka okha kuti akamutole, koma adawapindanso. Mawanga adatsamira phiko limodzi, nadzuka, fumbi lili mbuu. Kugwa ndi kudzuka adazidziwa kalekale. Adadumpha kamodzi, kawiri, chingwe chidamukhudza pachifuwa, Nthiwatiwa akadagubuduzika kumbuyo.

Nthungululu yoyamba idali ya Nkhanga. "Ndi wanga ameneyo! Mwamuona? Ndi wanga!"

Nthiwatiwa adafika akulavula mchenga. "Mawanga, mawa undiphunzitseko, wamva?"

Nthano yanga yathera pomwepa. Mwana wolumala musamamubise poopa kuti agwa; mulekeni alowe m'bwalo, kudzuka amakudziwa.