Nyumba Yopaka Laimu Mwezi ndi Mwezi

Ana anga, zaka makumi atatu ndi zinayi ndinaima pa bolodi kuphunzitsa masamu, mpaka choko chinandilowa m'chifuwa. Ndatopa, ndipo nkhani zambiri ndinaziiwala. Koma iyi yokha ikukana kuchoka. Ndi ya munthu amene ankadziwa masamu kuposa ambiri a inu, koma masamu omwewo anakamugoneka m'khitchini. Mbali ina ndinaiona ndi maso angawa, inayo anandiuza ndi akazi ake.

Dzina lawo linali a Bizaliyele Namakhwa, kalaliki wa pa sikelo pa kampani ina ya fodya ku Limbe. Ntchito yawo inali kuyeza mabelo ndi kulemba kulemera kwake m'buku, ndipo pa zaka zonsezo sanaphonyepo nambala ngakhale imodzi. Zimenezo iwo ankazidziwa, ndipo ankaonetsetsa kuti wina aliyense azidziwe. Cholembera chinkakhala kukhutu ngakhale ali m'tchalitchi.

Iwo ndi akazi awo, mayi Esinati, imvi zinawapeza ali pa lendi. Anasamuka kasanu ndi kawiri. Uku denga likudontha, uko mwini nyumba wakweza lendi chifukwa wamva fungo la nyama. Atakwanitsa zaka 54, kutatsala zaka zisanu ndi chimodzi kuti apume pa ntchito, a Namakhwa anati basi, ukalamba wawo akaudyere m'nyumba yawoyawo. Anaipeza ku Bangwe: zipinda zitatu, yamalata, yopaka pulasitala koma yopanda penti, kuseri kuli kakhitchini ka zidina. Mtengo wake unali K60,000. Musaseke, masiku amenewo kwacha inali ndi mano.

Ndalama zimenezo analibe, choncho anapita ku banki ina kukatenga ngongole. Amene anawalandira anali mtsikana wamagalasi, mayi Likoswe.

"Bambo, chiwongoladzanja ndi makwacha makumi awiri pa zana lililonse," anatero mayiyo. "Tizidula K1,020 pa malipiro anu mwezi ndi mwezi, ndipo nthawi yake ndi zaka makumi awiri. Zonse zili m'mapepalamu. Werengani modekha, ngati pali pena pamene simukumvetsa munene."

A Namakhwa anaseka. "Mwana wanga, ine ndinayamba kugwira manambala iwe usanabadwe. Ndisaine pati?"

Anasaina.

Tsono mvetserani pamene panagona njoka. Kumudzi kwawo kwa a Namakhwa, munthu akakongola kwa wakatapila ankauzidwa kamodzi kuti wonjezerapo zakuti, n'kugwirana chanza, nkhani yatha. Chiwongoladzanja chimene iwo ankachidziwa chinali chimenecho, choika kamodzi pamwamba ngati chivundikiro. Atafika kunyumba anatenga kapepala n'kuwerengera. Makumi awiri pa zana a K60,000 ndi K12,000. Zonse pamodzi K72,000. Kugawa ndi K1,020, anapeza zaka zisanu ndi chimodzi, mwezi womalizawo n'kukhala ngati basela wopatsa banki.

Anauza akazi awo kuti, "Mwaona, mayi a Filesi? Tsiku lopuma pa ntchito ndi tsiku lomwelo lolandira chikalata cha nyumba."

Mayi Esinati anali akusankha nyemba m'lichero. "Nanga zaka makumi awiri mukuti anatchula zija n'zachiyani, bambo a Filesi?"

"Imeneyo ndi nthawi yopatsa alesi, olumphitsa miyezi. Ife azitidula pa malipiro, tilumphitsa bwanji?"

"Bwanji mukangofunsako? Kufunsa salipira."

"Ndikafunse kamtsikana kaja? Ine kalaliki? Kuti mawa Limbe yense amve kuti Namakhwa sadziwa kugawa?"

"Chabwino, odziwa ndinu," anatero mayiwo, n'kupitiriza kusankha nyemba zawo.

Atalowa m'nyumbamo, a Namakhwa anachita chinthu chimene anthu a ku Bangwe sanachiiwale. Anatenga chingwe ndi khala, n'kugawa makoma onse a kunja m'zigawo 72. Mwezi ukatha, banki ikadula zake, Loweruka m'mawa ankavala ovololo, kusungunula laimu m'chitini, n'kupaka chigawo chimodzi chokha. Anayambira pakhomo n'kumazungulira.

"Poyerapa ndalipira, mpanga," ankauza aliyense wodutsa. "Kotuwako n'kwa banki."

Ndipo sankachita nthabwala. Mayi Esinati akafuna kubzala maluwa m'mbali mwa khoma lotuwa ankawaletsa, ati munthu sakongoletsa nyumba ya mwini. Anthu anaseka mpaka anazolowera, ndipo makondakitala a minibasi anapatcha pamalopo dzina. Ukamva "Pa Laimu otsika!" unkadziwa kuti wafika.

Zaka zimenezo sizinali zofewa. Nyama inasanduka mlendo wa pa Khirisimasi. A Namakhwa ankapita ku Limbe wapansi, nsapato imodzimodziyo inasokedwa kanayi mpaka wosoka anakana, ati palibenso pogwira ulusi. Mayi Esinati ankadzuka m'mbandakucha kukazinga zitumbuwa zokagulitsa kumsika, utsi n'kuwawononga maso. Mwana wawo Filesi anasankhidwa kupita kusekondale yogonera komweko, koma anamuuza kuti aphunzire yoyendera, apirire pang'ono, laimu watsala pang'ono kukumana. Chaka chilichonse ku banki kunkabwera envulopu yakhaki. A Namakhwa ankangoiponya m'sutikesi osatsegula.

"Zili m'menemo ndikuzidziwa kale," ankatero. "Buku langa silinama."

Mwezi wa 72 unakwana. Ku kampani anawatsanzika ndi wotchi yapakhoma ndi kandalama kochepa kopumira. Chigawo chomaliza anachipaka akuimba nyimbo ya m'buku, nyumba yonse n'kuyera mbee. Anaitana abale, anagula mbuzi, amayi anaphika thobwa. Anati Lachisanu m'mawa akatenga chikalata, masana phwando. Anagulanso felemu yagalasi yodzaikamo chikalatacho, ndipo anainyamula kukhwapa popita ku banki, mayi Esinati ali pambuyo ndi chitenje chatsopano.

Mayi Likoswe anali akadali pomwepo, koma tsopano ali ndi ofesi yawoyawo. Anatsegula faelo, anayang'ana, anavula magalasi n'kuwavalanso.

"Chikalata cha nyumba? Bambo, ngongole yanu yatsala K57,260."

A Namakhwa anaseka monga anasekera tsiku loyamba lija. "Mwatenga faelo ya munthu wina. Onani buku langa ili. Miyezi 72, palibe wolumpha."

Mayiyo analiwerenga bukulo tsamba ndi tsamba. "Buku lanu lilibe cholakwa, bambo. Mwaperekadi K73,440. Koma makumi awiri pa zana aja si a kamodzi. Ndi a chaka chilichonse, pa ndalama zimene zatsala. Mwezi woyamba uja, pa K1,020 imene tinadula, K1,000 inali chiwongoladzanja. Imene inakhudza ngongole yeniyeniyo ndi K20."

"K20?"

"K20, bambo. Imakwera pang'onopang'ono. Mwezi uno yafika K65. Tinkakulemberani chaka ndi chaka."

Amene anayankhula anali mayi Esinati, amene tsiku losaina lija sanaitanidwe n'komwe.

"Mwana wanga, ine sukulu ndinalekezera sitandade 3, undikhululukire. Ungondiuza chinthu chimodzi. Tikadzamaliza zaka makumi awirizo, tidzakhala titapereka zingati zonse pamodzi?"

Mayi Likoswe anadina kamakina kawo. "K244,800, mayi."

"Zimenezo ndiye nyumba zingati ngati yathuyi?"

"Zinayi."

"Zinayi." Mayi Esinati anagwedeza mutu pang'onopang'ono. "Nanga tikadafunsa tsiku lija, ukadatiuza?"

"Ndikadakuuzani, mayi. Mukadatha kugula yaing'ono, kapena kudikira musonkhanitse zambiri zoyambira, kapena kumaonjezerako pang'ono pamwezi kuti zaka zichepe. Njira zinalipo."

A Namakhwa anachotsa cholembera kukhutu n'kuwerengera m'mphepete mwa buku lawo. Masamu ankawadziwadi, sanachedwe.

"Zigawo zitatu," anatero motsitsa mawu. "Mayi a Filesi, pa laimu yense uja, zathu ndi zigawo zitatu. Chitseko ndi windo limodzi."

Pofika kunyumba anapeza mbuzi yaphedwa kale, nyama ili pamoto. Amayi atawaona akutsika minibasi anayamba nthungululu. A Namakhwa anadutsa pakati pa anthuwo, felemu yopanda kanthu ili kukhwapa, n'kukalowa kuchipinda. Nthungululu zinazima imodziimodzi. Alendo anadya mbuzi ija ngati akudya pamaliro, ndipo dzuwa lisanapendeke onse anali atabalalika.

Kutsogolo kunali zaka khumi ndi zinayi, malipiro kulibe. Kandalama kopumira kaja kanangokwana miyezi yowerengeka. Zinatsala njira ziwiri: banki ilande nyumba, kapena nyumba idzilipirire yokha. Choncho anatulutsa katundu wawo n'kukamuunjika m'kakhitchini ka kuseri kaja, nyumba n'kuikamo anthu a lendi. Anthu akewo tinali ife, ine ndi aphunzitsi anzanga awiri a pa sukulu yapafupi, aliyense chipinda chake.

Ndikunena zoona, lendi imeneyo sindinkaipereka ndi mtima wabwino. Osati kuti inali yokwera, koma chifukwa cha nkhope ya woilandira. Mwezi ukatha, mkulu uja ankabwera pakhomo la nyumba yake yomwe n'kuima panja. "Odi, aphunzitsi." Ndikati lowani bambo, ankakana, ati m'nyumba ya eni salowamo ndi fumbi. Ndalamazo sizinkatentha n'komwe m'thumba mwawo, tsiku lomwelo zinali pa ulendo wa ku Limbe. Laimu sanapakenso. Mvula inatsuka makoma chaka ndi chaka mpaka nyumba yonse inabwerera kutuwa.

Anakhala m'khitchinimo zaka zisanu ndi zinayi. Filesi anakwatiwa ku Chiradzulu, ukwati wake unachitikira pabwalo la tchalitchi chifukwa kwawo kunalibe polandirira alendo. A Namakhwa anayamba kutupa miyendo, kenako chifuwa, ndipo tsiku lina la mwezi wa Juni anatisiya, ngongole itatsala zaka zisanu.

Masana a tsiku limenelo ndinamva "Odi" wina pakhomo. Anali mayi Esinati, atagwada pakhonde.

"Aphunzitsi, ndabwera kudzapempha. Khitchini ija khomo lake n'laling'ono, bokosi silingalowe. Mungatibwerekeko pabalaza panu, agonepo tsiku limodzi lokha?"

Pabalaza panu. Ndinangoitana anzanga aja n'kuyamba kutulutsa mipando, misozi ili chuchuchu.

Amayi atasonkhana m'siwamo, wina anayamba kudandaula kuti banki ndi afiti, adyera masuku pamutu munthu wosalakwa. Mayi Esinati anamuletsa ndi dzanja. Sanali okwiya, anali otopa basi.

"Ayi, asisi, tisanamizire anthu. Kwathu ku Mulanje akafula njuchi, mlendo amamupatsa chisa chake. Wodzichepetsa amafunsa kuti kodi amadya bwanji, ndiye amamuuza kuti psipa uchiwo, phulalo ulavule. Koma wodziwa kale amangomeza zonse, kenako m'mimba n'kumamupota. Bambo a Filesi anali munthu wabwino, sanabe, sanamwe, sanalumphitse mwezi. Chimodzi chokha, sankafunsa. Safunsa anadya phula."

Mawuwo anatuluka m'siwamo ndi amayi aja, anakafika kumsika, anakwera minibasi, ndipo lero ali paliponse. Alipo ena amene angakuuzeni kuti mwambiwu ndi wakale kuposa banki. Sinditsutsana nawo, mphamvu zake ndilibenso. Ine ndikudziwa pamene ndinaumvera koyamba. Zaka zisanu zotsalazo mayi Esinati anazimaliza okha, ndipo chikalata anakachilandira maso atachita khungu moti anachita kupempha Filesi kuti awawerengere dzina lolembedwapo.

Tanthauzo lake ndi limeneli. Chinthu chokoma chimabwera chitakulungidwa pamodzi ndi chosadyeka, ndipo wosiyanitsa ziwirizi ndi amene wafunsa. Ngongole ya nyumba si yoipa, ambiri agona pabwino chifukwa cha iyo. Koma mukadzakula n'kukhala pa mpando umene anakhalapo a Namakhwa, musadzangomva za pamwezi n'kuthamangira cholembera. Za pamwezi ndi uchi, zimatsetsereka pakhosi. Mudzafunse kuti zonse pamodzi zidzakwana zingati, ndipo inuyo mudzakhala ndi zaka zingati podzamaliza. Mudzafunse ngakhale wokuyankhaniyo akhale msinkhu wa mwana wanu, ngakhale anthu akuzoloweretsani kuti ndinu odziwa.

Safunsa anadya phula. Manyazi a kufunsa satha ngakhale mphindi ziwiri. A Namakhwa phula lawo analitafuna zaka khumi ndi zisanu, ndipo anatsikira kulichete likadali m'kamwa.