Kompyuta Imene Inaombera M'manja Maliro

Kalekale, osati kale la makolo athu ayi, koma nthawi imene makompyuta anali atangoyamba kufika m'maboma akutali ndi tauni, kunali wayilesi ina yaing'ono imene inkamveka m'midzi ya m'tsinde mwa phiri lina kumwera kuno. Nyumba yake inali ya zipinda ziwiri, kuseri kwa chigayo. Mkulu wake anali Mayi Kalizinje, ndipo owathandiza anali atatu, onse ongodzipereka, osalandira malipiro. Ganizani, bambo wa ana anayi, ankawerenga mauthenga a maliro ndi a odwala, ndipo anali atakhalapo zaka zisanu ndi chimodzi. Zione anali mtsikana amene anaphunzirako za makompyuta ku tauni kwa miyezi itatu. Akuzike ankaika nyimbo masana, munthu wanthabwala amene omvera ankamukonda.

Chaka chimenecho komiti ya wayilesi inagula kompyuta yatsopano. Inabwera itadzaza kale ndi zinthu zimene palibe anazipempha: magemu a makhadi, a timipira, a galimoto zothamanga, kuphatikizapo mapulogalamu ambirimbiri a kampani imene inaipanga. Ukaiyatsa, timauthenga tinkangotumphuka pa sikirini, kena kokufunsa ngati walembetsa, kena kokunyengerera kuti uyese gemu ina. Inkadzuka mochedwa ngati munthu wodwala malungo. Onse ankadandaula, koma palibe ankafuna kuigwira m'kati, poopa kuononga katundu wa komiti.

Lachisanu lina m'mawa, Ganizani anali pa mayiki akulengeza maliro a mayi wina wa kutsidya kwa mtsinje. Pansipansi pankamveka nyimbo yachisoni yochokera m'kompyutamo, monga mwa masiku onse. Atangotchula dzina la malemuwo, mwadzidzidzi panalira malipenga, kenaka phokoso la chikhamu cha anthu akuomba m'manja ndi kukuwa mokondwa. Inali gemu ya makhadi imene wina anaisiya yosatseka dzulo lake. Phokoso lonselo linamveka m'mawayilesi a m'midzi yonse, ndi pasiwa pomwe.

Foni ya mu ofesi inayamba kulira osaleka. Mayi Kalizinje anapepesa kwa achibale a malemuwo mpaka mawu anawasasa. Kenaka anaitana atatu aja n'kufunsa amene ankasewera gemuyo. Ganizani anati sadziwa n'komwe pamene amaitsegulira. Zione anati alibe nthawi ya zoseweretsa. Akuzike anangopukusa mutu akuyang'ana pansi. Mayiwo anawerama n'kusolola chingwe chimene chinkalumikiza kompyuta ku makina oulutsira mawu.

"Chinthu ichi sichilankhulanso pa wayilesi pano mpaka zoseweretsa zonse zitachoka," anatero. "Mukudziwa kuti komiti inavomera kulemba ntchito munthu mmodzi wolipidwa, woyang'anira zipangizo. Amene achiritse kompyutayi, ntchitoyo ndi yake."

Asanamalize bwinobwino, pakhomo panafika mayi wina ali thukuta kamukamu, fumbi lili mpaka m'mawondo. Dzina lake anali Esitere, ndipo anachokera ku chipatala kumene bambo ake, a Namakhwa, anagonekedwa. Anafotokoza ataimirira, atakana mpando. Zaka zisanu ndi ziwiri zapitazo bambo akewo anapirikitsa mwana wawo wamwamuna, Layisoni, pomunamizira kuti anagulitsa njinga ya pakhomo. Patapita nthawi zinadziwika kuti anaba njingayo ndi munthu wina, koma Layisoni anali atapita osatsanzika. Tsopano panamveka kuti amasoka nsapato pa msika wa Lachisanu wa kumalire, kumene ogulitsa amapachika mawayilesi pamabenchi n'kumamvera mauthenga a masana. Esitere anali atatumizapo uthenga kawiri, Ganizani n'kuuwerenga, koma mchimwene wakeyo sanabwere. Mwina ankaganiza kuti ndi msampha wa mlongo wake. Choncho m'mawa umenewo anajambula mawu a bambo ake enieniwo pa foni.

Anawayatsa kuti onse amve. Anali mawu otsika kwambiri, ngati mpweya chabe, ndipo sipika ya foniyo inali yong'aluka. Kungoigunditsa pa mayiki sikukanathandiza. Mawuwo ankafunika kuwakweza pa kompyuta, n'kuwaulutsa kuchokera momwemo. Anamwino anali atamuuza Esitere kuti asayembekezere Lachisanu lina. Nthawi inali itangokwana naini koloko, ndipo mauthenga a masana ankayamba thwelofu.

Woyamba kukhala pampando anali Ganizani. Iyeyu za makompyuta sankazidziwa, koma anali munthu wosapupuluma. Anawerenga mawu alionse a pa sikirini akulozera ndi chala, mpaka anapeza mndandanda wa zonse zimene zinali m'makinawo. Anatsegula kope lake la mauthenga, n'kuyamba kulemba dzina la gemu iliyonse asanaichotse. Nthawi iliyonse kompyuta ikamufunsa ngati watsimikizadi, ankapumira m'mwamba n'kudina. Anzake anaima kumbuyo kwake akudikira kuti chinthucho chizima osayakanso. Sichinazime. Esitere ankatuluka, n'kulowanso, n'kufunsa nthawi, n'kutulukanso. Pofika hafu pasiti teni, magemu makumi awiri ndi atatu anali atachoka. Pulogalamu yokonzera mawu, imene masiku onse inkangouma ukaitsegula, inatseguka bwinobwino. Ganizani anaika mahedifoni, nakweza mawu a mkuluyo pang'onopang'ono, n'kudula phokoso la mabedi a m'chipatala, mpaka liwu lililonse linamveka. Koma atazimitsa kompyuta n'kuiyatsanso kuti atsimikize, pakona panatumphuka kauthenga konena kuti magemu akubwezeretsedwa. Awiri anali atabwerera kale. Mayi Kalizinje anayang'ana chingwe chija n'kuchisiya pansi pomwepo.

Zione sanadikire kuti amuitane. Anati a Ganizani amweta udzu koma mizu aisiya, ndipo mizuyo ndi mapulogalamu a kampani aja, amene ntchito yawo ndi kubweza chilichonse chimene munthu wataya. Ganizani anamupempha kuti aziyamba walemba mayina monga anachitira iye. Zione anangoloza wotchi ya pakhoma. Chilichonse chokhala ndi dzina la kampaniyo anachichotsa, chimodzi pambuyo pa chinzake, osawerenga ngakhale machenjezo. Mphindi makumi awiri zisanathe anali atamaliza, pamodzi ndi magemu awiri obwerera aja. Atayatsanso, kompyuta inadzuka ngati mwana wa sukulu amene wamva belu. Panalibenso kauthenga ngakhale kamodzi. Anaizimitsa n'kuiyatsa kachitatu, ndipo magemu sanabwererenso. Mayi Kalizinje analumikiza chingwe, Esitere n'kubwera pafupi atagwira pachifuwa.

Zione anadina kuti mawu a mkuluyo amveke. Kamzere ka pa sikirini kanayamba kuyenda, koma m'chipindamo munali zii. Anakweza voliyumu, anasintha zingwe, anayesa nyimbo ina. Kompyuta inali itasanduka bubu. Pakati pa zimene anachotsa panali pulogalamu imene inkayendetsa mawu, ndipo sankadziwa kuti inali iti. M'kabati ya Mayi Kalizinje munali chimbale cha mapulogalamu chimene chinabwera ndi kompyutayo, koma Zione atachilowetsa anapeza mayina oposa makumi anayi, onse achidule, osamveka tanthauzo. Kusankha zonse kukanabweza magemu ndi timauthenga tija, komanso kukanatenga nthawi yoposa ola limodzi. Kuyesa imodziimodzi nthawi inalibe. Wotchi inkati twente pasiti leveni.

Nthawi yonseyi Akuzike anali pakhonde, akuyenda uku ndi uku, akuluma zikhadabo. Iye pulogalamuyo ankaidziwa bwino lomwe. Masana alionse, akaika nyimbo yaitali, ankasewera makhadi mobisa, ndipo kuti phokoso la gemu lisamveke kunja ankatsegula kapulogalamu kena ka chithunzi cha khutu, kamene kankalondolera mawu ku mahedifoni ake okha. Dzulo lake anabweza mawu ku makina oulutsira n'kuchoka mothamanga kukakwera matola, gemu n'kuisiya yotsegula. Kutchula dzina la kapulogalamuko kunali kudziulula yekha pamaso pa anthu amene anawanamiza m'mawa. Analowa, n'kuima pachitseko, n'kubwereranso panja. Anakafika mpaka pachigayo ngati akupita kwawo. Pobwerera anapeza Esitere atakhala pansi pakhondepo kwa nthawi yoyamba, atagwira foni ija ndi manja awiri, sakufunsanso nthawi.

Akuzike analowa mu situdiyo n'kuvula chipewa.

"Mayi, gemu ija ndinaisiya ndine. Ndinakunamizani m'mawa muja. Pulogalamu ya mawu imene yachokayo ndikuidziwa dzina lake."

Mayi Kalizinje anauza Zione kuti amusiyire mpando. Akuzike anatsika ndi mndandanda uja mpaka pa dzina limodzi, n'kusankha lokhalo. Kamzere kobiriwira kanayamba kukwawa. Enawo anaima kumbuyo kwake. Ganizani analowa pa mayiki n'kuyamba kuwerenga mauthenga ena pang'onopang'ono, maso ali cham'mbali. Patangodutsa mphindi zinayi kuchokera pamene thwelofu inakwana, sipika inalira kamodzi. Ganizani anauza omvera kuti pali bambo wina amene akufuna kulankhula yekha ndi mwana wake.

"Layisoni, ndine bambo ako," anatero mawuwo. "Njinga ija sunabe ndiwe. Ndinadziwa kale, koma ndinalibe nkhope yokuuzira. Ndili m'chipatala. Ngati ungathe, bwera ndikuone. Ukalephera, dziwa kuti wolakwa ndine."

Ku msika wa kumalire, Layisoni anali atapana nsapato pakati pa mawondo, singano ili m'manja. Mayi wogulitsa tomato pafupi naye ndi amene anakweza wayilesi atamva dzinalo. Layisoni anamvetsera mpaka kumapeto osagwedezeka. Kenaka anapereka nsapatoyo kwa mwini wake isanathe kusokedwa, n'kusiya zida zake zonse pomwepo, n'kukwera kabaza. Anafika kuchipatala dzuwa lisanalowe. A Namakhwa anakhalanso ndi moyo masiku atatu, ndipo masiku onsewo mwana wawo ndi amene ankawamwetsa madzi ndi kuwatembenuza.

Sabata yotsatira komiti inakumana kuti ikwaniritse zimene Mayi Kalizinje analonjeza, ndipo aliyense wa atatu aja anapatsidwa mpata wolankhula.

Ganizani anati iye ndi amene anayamba kugwira chinthu chimene onse ankachiopa kwa miyezi yambiri. Magemu ndi amene anachititsa wayilesi manyazi, ndipo anawachotsa ndi iye, osaononga kanthu. Popanda iye mawu a mkulu uja akanakhalabe mpweya wosamveka, ngakhale kompyuta ikanachira chotani. Anakumbutsanso komiti zaka zake zisanu ndi chimodzi, ngakhale wina anamudula mawu kuti lonjezo silinali la zaka.

Zione anati ntchito ya a Ganizani ikanafafanizika pofika madzulo, chifukwa magemu anali atayamba kale kubwerera, ndipo Mayi Kalizinje sakanalumikiza chingwe. Amene anapha nthendayo ndi iye. Anavomera kuti anapitirira muyezo, koma anati akanachita pang'onopang'ono msika ukanabalalika uthenga usanamveke.

Akuzike sanalankhule zambiri. Anati zoona vuto analiyambitsa ndi iye, koma kompyuta ya wayilesi imene singatulutse mawu ndi bokosi chabe, ndipo amene anaibwezera mawu ndi iye, pamene akanatha kungokhala chete popanda womudziwa.

Apa komiti inagawikana. Ena anati munthu sangayatse moto padenga kenaka n'kulandira mphoto chifukwa wabwera ndi ndowa ya madzi, ndipo banja lija la maliro lingamve bwanji litadziwa kuti wolembedwa ntchito ndi amene anachititsa kuti mayi wawo aomberedwe m'manja. Ena anati woyang'anira zipangizo ayenera kukhala munthu amene amanena zoona ngakhale zikumupweteka, ndipo mwa atatuwo ndi Akuzike yekha amene anayesedwa pamenepo. Msungichuma anati Zione ndi amene ali ndi luso, koma munthu wochotsa zinthu osazidziwa mayina tsiku lina adzazimitsa wayilesi yonse. Mlembi anati Ganizani ndi wosamala, koma kusamala kwake kunathera panjira. Anatumiza munthu kukafunsa Esitere maganizo ake, ndipo iye anayankha kuti sangasankhe, chifukwa anaona onse atatu akutuluka thukuta chifukwa cha bambo ake.

Anakambirana mpaka chigayo chinatseka. Mayi Kalizinje ankangotembenuza kalata ya ntchitoyo patebulo, malo a dzina ali osalemba, ndipo atatu aja anali panja, aliyense ataima payekha, osayang'anana.

Tsono inu amene mwamva nkhaniyi, cholembera chitakhala m'manja mwanu, mungalembe dzina la yani: la Ganizani amene anachotsa magemu koma magemuwo n'kubwerera, la Zione amene anazula mizu n'kuzulira limodzi mawu, kapena la Akuzike amene anabweza mawuwo pomwe vuto lonse analiyambitsa yekha?