Mwana Wobwereka pa Tsiku la Sikelo

Panali mayi wina amene dzina lake linalowa m'kaundula wa mabanja olandira thandizo la ndalama mwezi ndi mwezi. Thandizolo linali ndi lamulo limodzi: mwana wamng'ono azipita ku sikelo mwezi uliwonse, ndipo buku lake lizilembedwa.

Poyamba zinayenda bwino, mpaka mayiyo anagula mbuzi. Koma mwana atasiya kuyamwa anayamba kunyentchera. Tsitsi linafiira, timiyendo tinaonda. Pamjigo mayiyo anamva kuti mwana akatsika sikelo, akuluakulu amati make akudya yekha ndalamazo, ndiye amamufufuta m'kaundula. Palibe amene anali ataziona zimenezo, koma pamjigo safunsana umboni. Mayiyo anagwidwa ndi mantha.

Tsiku la sikelo anapita kwa mlamu wake, yemwe anali ndi mwana wa msinkhu womwewo, wonenepa ngati dzungu.

"Mlamu, tandibwerekani mwanayu. Ndibwera naye masana."

"Nanga wanuyo?"

"Atsale nanu. Akachira ndidzapita naye."

Mlangizi wa zaumoyo ankabwera panjinga kamodzi pamwezi, n'kupeza ana ambirimbiri pansi pa mtengo wa mango. Nkhope zonsezo akanazisunga bwanji? Anapachika mwana wobwerekayo pa sikelo, analemba m'buku la mwana wodwala uja, mpaka anamuyamikira mayiyo pagulu. Azimayi a m'mudzimo anaona, nangoyang'ana kumbali. Ankati za eni.

Mwezi wachitatu mayiyo anaona ndi maso ake mnzake amene mwana wake anatsika sikelo akupatsidwa chiponde chodyetsa mwanayo, ndipo dzina lake silinafufutidwe. Koma wakeyo akanabwera naye bwanji, buku likunena za mwana wonenepa? Manyazi anamugwira. Anabwerekanso.

Mwezi wachisanu mwana wake anatupa mapazi. Kuchipatala namwino anayang'ana buku, nayang'ana mwana.

"Mayi, buku ili si la mwana uyu."

Patapita masiku awiri mwanayo anamwalira. Ndalama za mwezi umenewo zinalowa pafoni pa tsiku lake, osachedwa, ndipo zinagula nsalu yomuikira.

Inu amayi amene mwakhala pano pa sikelo ndi mabuku a ana m'manja, nkhaniyi imandiwawa ndikamainena. Amene anaika lamuloli sanali ndi njala ya manambala. Ndalamazo n'zokukokerani kuno kuti mwana aonedwe nthawi ikadalipo. Mwezi umene waonda ndi umene sikelo ikumufuna kwambiri. Bwerani naye wanu yemweyo, ngakhale mutu uli pansi.