Gitala la Faisoni Pamtondo

Kalekale, m'mudzi mwathu muno mwa Mkanda, munali munthu wina, Faisoni Kadzakumanja, mchimwene wa agogo anu aakazi. Mu 1974 anabwera kuchokera ku migodi ya ku Kitwe atanyamula gitala lamagetsi ndi batire ya galimoto. Kumeneko iye ndi anzake atatu anali ndi bandi, Ziphaliwali, ndipo anajambula mbale imodzi ya nyimbo. Imodzi yokha.

Ena amati gitalalo linkamveka mpaka ku Mchinji boma. Si zoona. Linkafika kudambo, ndipo kumeneko n'kutali kale.

Woyimba ng'oma anatsala ku Kitwe. Ndiye Faisoni akanatani? Ankakhala pamtondo alongo ake akusinja, misi n'kukhala ng'oma zake. Iwo du, du, iye ng'wee. Akafulumiza ankawabweza. Akachedwa ankawabweza.

Nangondo, wamkulu mwa alongowo, anatopa nazo. "Achimwene, ife tikusinja chimanga kapena tili pa ntchito kwa inu?"

"Sinjani, alongo. Mukusinja bwino kuposa amene ndinamusiya ku Kitwe."

Zaka zisanu ndi ziwiri zinatha choncho. Faisoni atamwalira, mbale ija tinaitsekera m'sutikesi, sutikesi pamwamba pa kabati, pansi pa malata. Tinati tasunga. Tinasunga chiyani? Mu 1996, pomanga chiliza chake, tinabwereka galamafoni kuti timve "Njanji ya ku Kitwe" ndi "Usandidikire". Mbale inali itapindika ndi kutentha. Singano inkangodumpha. Anzake atatu aja onse anali atapita. Ine ndinakhala pakhonde, mbale ili m'manja, ndikuganiza zimene ndikawauze anthu kumanda.

Kuseri kwa nyumba azimayi ndi atsikana ankasinja za chakudya cha alendo. Ndinamva du, du, kenako mawu a Nangondo, nkhalamba tsopano, akulira ngati gitala. Ana ake n'kuyankha. Adzukulu n'kuyankha. Nditawafunsa, atsikanawo anati imeneyo ndi nyimbo yosinjira basi, Faisoni sakumudziwa.

Nangondo anandiyang'ana nati, "Nyimbo za achimwene zilipo zisanu ndi zinayi. Ukufuna iti?"

Mtima unakhala pansi, ana inu. Tsiku limenelo tinayimba zonse kumanda, opanda gitala.

N'chifukwa chake pabanja pathu chinthu chokondedwa sititsekera m'sutikesi, timachipereka pakamwa pa ana. Chigayo chinabwera, misi inachepa, koma Loweruka lililonse pakhomo pano timasinjabe. Mbale ija ilipo, siyimba. Nyimbo zonse zisanu ndi zinayi mukuzidziwa.