Zolvateki wa Atcheya

A Chikhosi, atcheya a msika, anaima pa benchi ya Nanyoni wogulitsa mapanado.

"Ndikufuna mankhwala otchedwa Zolvateki. Ukapanda kuwapeza lero, benchi iyi ndipatsa wina."

Dzinalo Nanyoni anali asanalimvepo chibadwire. Koma pamsika, katundu ukakhala ulibe, umafunsa anzako. Ntchito ya mankhwalawo anangoipeka yekha, ndipo anakwera pa kreti n'kukuwa:

"Amayi a tomato! Abambo a nsomba! Ndani ali ndi Zolvateki, mankhwala aja a akuluakulu okodza pogona? Atcheya akuwafuna msangamsanga!"

Msika wonse unatembenuka.

"Iwe, tsika!" anatero a Chikhosi. "Si anga, ndi a mlamu wanga!"

"Akuti ndi a alamu awo!" anakuwanso Nanyoni. "Pepani atcheya, kuno kulibe. Ndikafunsenso kusiteji ya basi?"

"Usavutike," anatero a Chikhosi, akuthawa chogwetsa chipewa. "Ndachira!"